M'mapazi a Clements Kadalie: kuchokera padoko la Cape Town mpaka kumigodi ya ku Joni

Lolemba, Cape Town

Ulendo wathu wa ku South Africa, wotsata mbiri ya mabungwe a antchito, tauyambira pa V&A Waterfront. Lero pali masitolo, malo odyera ndi maboti opita ku Robben Island, koma madamu awiri a sitima omwe ali pamenepa, Alfred Basin ndi Victoria Basin, ndiwo adali doko lenileni la mzinda uno mu 1919. Mukaima pafupi ndi Clock Tower yofiira ija n'kuyang'ana makoma amiyala a m'mphepete mwa madzi, dziwani kuti nthawi imeneyo kudalibe makontena. Thumba la chimanga, bokosi la zipatso, mtolo wa ubweya wa nkhosa, malasha a sitima, zonse zinkadutsa pamsana pa munthu. Mabwana adali amitundu iwiri, ndipo musaiwale zimenezi chifukwa zibweranso: makampani okweza ndi kutsitsa katundu m'sitima, ndi nthambi ya boma ya Railways and Harbours yomwe inkayang'anira ntchito ya pamtunda. Antchito ambiri adali aganyu, olembedwa m'mawa n'kulipidwa za tsiku lomwelo, pafupifupi sheleni 4.

Amene adawasonkhanitsa adali mwana wakwathu. Clements Kadalie adabadwa mu 1896 m'mudzi wa Chifira, pafupi ndi Bandawe ku Nkhata Bay. Adaphunzira ku Livingstonia, adaphunzitsako pang'ono, kenako mu 1915 adanyamuka monga ankachitira anyamata ambiri a ku Utonga. Adagwira ukalaliki ku Mozambique ndi m'migodi ya ku Southern Rhodesia (lero Zimbabwe), n'kufika kuno mu 1918. Mu Januwale 1919, mothandizidwa ndi mzungu wina wandale, A. F. Batty, adakhazikitsa bungwe la Industrial and Commercial Union, lodziwika kuti ICU, lomwe pambuyo pake lidatchedwa Industrial and Commercial Workers' Union. Pamsonkhano woyamba adalembetsa anthu 24, ambiri a padoko.

Sitalaka yoyamba idayamba pa 17 Disembala 1919. Nkhondo yoyamba yapadziko lonse itatha mitengo ya zinthu idakwera kwambiri, kudali chilala, koma chakudya chinkapakiridwabe m'sitima kupita kunja. Mabungwe a antchito achizungu ndiwo adayambitsa maganizo okana kukweza chakudyacho. ICU pamodzi ndi bungwe lina la anthu akuda, Industrial Workers of Africa, adavomera n'kuwonjezerapo nkhani ya malipiro. Anthu oposa 2,000 adanyanyala ntchito kwa masiku 14.

Sitalakayo idaphwasuka, ndipo zifukwa zake n'zofunika kuzigwira bwino chifukwa tikumana nazo mzinda ulionse. Azungu omwe adayatsa motowo sadanyanyale nawo, ena mpaka adagwira ntchito za onyanyalawo. Bungweli lidali lisanathe chaka, thumba loti lidyetse mabanja panthawi ya sitalaka lidalibe, ndipo munthu wodya za tsiku lomwelo sapirira masabata awiri. Ambiri ankagona ku Docks Location, nyumba za bwana yemweyo, choncho chiopsezo choti atulutsidwa m'nyumba chidali chokwanira. Pamwamba pa izo, ntchito yonyamula thumba saiphunzirira kusukulu: wina akakana, pachipata pamakhala ena khumi.

Komabe mu 1920, ICU itabwereranso kwa makampani okweza katundu aja, iwo adavomera sheleni 8 patsiku popanda sitalaka ina. Sitima ikangokhala padoko osapakulidwa, mwiniwake amaluza tsiku ndi tsiku, ndipo makampani adali atalawa kale ululu wake. Boma, lomwe silinkamva ululu womwewo m'thumba, lidayankha mwina: mu Novembala 1920 lidalamula kuti Kadalie apitikitsidwe m'dziko. Lamulolo lidafafanizidwa anthu atalimbana nalo, ndipo dzina lake lidamveka kutali kuposa kale.

Lachiwiri, pamsewu wa N2

Tsiku lonse tathera pamsewu, makilomita pafupifupi 750 kudzera ku Swellendam, Mossel Bay, George ndi Knysna. Palibe chambiri chokhudza nkhani yathu, choncho tikonzeretu malamulo omwe adamanga ICU manja. Munthu wakuda wokhala ndi pasi akasiya ntchito kontirakiti isanathe, malamulo a Masters and Servants ankati wapalamula mlandu wopita nawo kundende, osati wongolipira bwana. Kenako mu 1924 kudabwera Industrial Conciliation Act, lomwe lidakonza njira yokambirana malipiro pakati pa mabwana ndi mabungwe, koma pofotokoza kuti wantchito ndani lidasiya kunja amuna akuda onyamula mapasi. Bungwe lawo silidali loletsedwa, koma palibe bwana ankakakamizidwa kukhala nalo pansi.

Lachitatu, Gqeberha

Mzindawu unkatchedwa Port Elizabeth mpaka 2021. Pakati pa tauni, kutsogolo kwa City Hall, pali bwalo la Vuyisile Mini Square, ndipo msewu wa Baakens Street uli pafupi pomwepo. M'menemo mudali polisi komwe kudachitikira zoopsa pa 23 Okutobala 1920.

Mtsogoleri wa antchito kuno adali Samuel Masabalala, yemwe ankafuna sheleni 10 patsiku ndipo ankakonza sitalaka ya mzinda wonse. Apolisi adamugwira n'kumukaniza belo. Madzulo khamu lidadzaza panja pa polisi kufuna kuti atulutsidwe. Apolisi, pamodzi ndi azungu wamba omwe adapatsidwa mfuti, adaombera. Adafa anthu 24, ambiri akuthawa. Komiti yofufuza idadzudzula kukana belo kuja ndi kaomberedwe kake, koma palibe adalangidwa. Njira yogwira mtsogoleri sitalaka isanayambe idagwiritsidwa ntchito kwa zaka makumi ambiri pambuyo pake, ndipo tidzaona ku Durban momwe antchito adaipezera mankhwala.

Vuyisile Mini yemwe dzina lake lili pabwaloli adali wa m'badwo wotsatira: mtsogoleri wa antchito a padoko ndi azitsulo mumgwirizano wa mabungwe a antchito wa SACTU, komanso woimba wa mawu a besi. Boma la tsankho lidamunyonga ku Pretoria pa 6 Novembala 1964.

Kuno n'komwenso ICU idadzibaya yokha. Mu Disembala 1926 komiti yaikulu idakumana mumzinda uno n'kulamula kuti membala wa chipani cha Communist asakhale paudindo. Adachotsedwa James La Guma, Johnny Gomas ndi E. J. Khaile. Mkanganowo udali ndi mbali ziwiri. Achikomyunizimu ankafuna masitalaka ndi kuwotcha mapasi, pomwe Kadalie ankafuna bungwe lolemekezeka lomwe boma ndi mabungwe a ku Ulaya angalivomereze. Koma achikomyunizimuwo ankafunsanso za kayendetsedwe ka ndalama ndi mphamvu zochuluka za Kadalie, ndipo Khaile ndiye adali mlembi wa zachuma. Ife tikuona kuti apa Kadalie adalakwitsa kwambiri. Adachotsa anthu odziwa kusunga mabuku ndi kumanga nthambi panthawi yomwe mamembala adali pafupi kusefukira.

Lachinayi, East London

Msewu watifikitsa kumapeto a nkhani ya Kadalie tisanaone pakati pake. Doko la kuno lili pakamwa pa mtsinje wa Buffalo, laling'ono poyerekeza ndi la Cape Town, ndipo ukaima pamlatho umaliona lonse.

Kadalie adatula pansi udindo mu ICU kumayambiriro a 1929, atayambana ndi William Ballinger, mlangizi yemwe adachokera ku Scotland mu 1928 kudzakonza bungweli n'kupeza ngongole zokhazokha. Adayambitsa Independent ICU, ndipo mphamvu zake zidatsalira mumzinda uno. Mu Januwale 1930 antchito a njanji ndi padoko adanyanyala kufuna malipiro okwera, sitalakayo n'kufalikira kuntchito zina za mumzinda, ngakhale antchito a m'nyumba. Misonkhano inkachitikira ku East Bank Location, dera lomwe pano ndi mbali ya Duncan Village. Zotsatira zake zidafanana ndi za 1919: atsogoleri adagwidwa, Kadalie adaimbidwa mlandu, a Railways adalemba anthu ena, ndipo njala idabweza otsalawo kuntchito. Chaka chimenecho chuma cha dziko lonse lapansi chidali chitagwa, ofuna ntchito adali mbwee, nthawi yoipitsitsa yoti munthu anyanyale.

Kadalie adakhala kuno mpaka imfa yake mu Novembala 1951. Adali munthu wolankhula mogwedeza bwalo, ngakhale ankalankhula m'Chingerezi ena n'kumamasulira, poti Chixhosa ndi Chizulu sizidali zilankhulo zake. Adani ake sankaiwala kumukumbutsa kuti ndi wobwera, mawu omwe Amalawi a kuno akuwamvabe mpaka lero.

Mawa tidutsa ku Mthatha ndi Kokstad, makilomita oposa 600 a msewu wokhotakhota wokhala ndi ziweto zambiri. Sitilemba kanthu.

Loweruka, Durban

M'mawa tinali ku KwaMuhle Museum pa Bram Fischer Road. Nyumbayi ndiyo idali ofesi yoyang'anira anthu akuda mumzinda uno. Mwamuna aliyense wofuna ntchito ankafola pano, kupimidwa ndi dokotala ali maliseche, n'kudindidwa pasi yomulola kukhala kapena yomulamula kuchoka. Ndalama zoyendetsera zonsezi zinkachokera m'matumba a anthu omwewo: kuyambira 1909 khonsolo yokha ndiyo inkaloledwa kufulula ndi kugulitsa mowa wamasese m'mabala ake, phindu n'kumangira mahositelo ndi kulipira apolisi a khonsolo.

ICU idakula kuno kuposa kwina kulikonse, pansi pa A. W. G. Champion yemwe adafika mu 1925. Chida chake chachikulu chidali khoti. Ankalemba maloya kukatsutsa malamulo a khonsolo, monga loviika anthu obwera mumzinda m'mankhwala ngati ng'ombe, ndi kusumira mabwana omana antchito malipiro. Milandu yambiri adapambana, mbiri n'kuwanda mpaka kumafamu.

Kumafamuko kudali mabanja okhala pamalo a mzungu, olipira malowo pomugwirira ntchito miyezi ingapo pachaka, zofanana ndi thangata la ku Thyolo ndi Mulanje. M'zaka zimenezo eni mafamu adayamba kudzala mitengo ya wattle ndi kuweta nkhosa zambiri, choncho ankafinya mabanjawo kapena kuwathamangitsa. Olalikira za ICU atafika, anthu adagula makhadi ofiira a umembala mwaunyinji, ambiri pokhulupirira kuti khadilo liwabwezera malo. Pofika 1927 bungweli linkati lili ndi mamembala 100,000, ndipo chaka chomwecho Kadalie adapita ku Geneva ndi ku Britain kukalankhula m'dzina lawo.

Tiyeni tione mkati mwa chimphonachi. Nthambi zidakonzedwa potsata dera, osati mtundu wa ntchito: wapadoko, wapafamu, wophika m'nyumba ndi mphunzitsi onse m'kaundula mmodzi. Nthambi yotere imadzaza bwalo Lamulungu, koma singakhale pansi ndi bwana mmodzi kukambirana za malipiro a pafakitale imodzi. Pamalo antchito padalibe nthumwi zosankhidwa ndi antchito eniake. Zopereka zinkatoleredwa pamanja pamisonkhano, malisiti osalongosoka, ndipo alembi ena a nthambi ankadya. Ndalama zomwe zidafika kulikulu zinkathera kwa maloya, magalimoto ndi malipiro a maofesala, thumba la sitalaka osakhalapo. Antchito akanyanyala okha, kawirikawiri atsogoleri ankawauza kuti abwerere kuntchito. Eni mafamu atayamba kuthamangitsa aliyense wopezeka ndi khadi lofiira, bungwe lidalibe powaika anthuwo, ndipo malo omwe lidalonjeza kugula sadagulidwe. Mu 1928 magulu a azungu adaphwanya maofesi a ICU ku Greytown ndi matauni ena oyandikana nawo. Chaka chomwecho Champion adaimitsidwa pankhani za ndalama, iye n'kuchoka ndi chigawo chonse kukapanga ICU yase Natal. Natal ndiye ankapereka ndalama zambiri, choncho likulu lidauma.

Masana tadutsa kumpoto kwa mzinda, dera lomwe kudali fakitale ya njerwa ya Coronation Brick and Tile. Pa 9 Januwale 1973 antchito pafupifupi 2,000 adanyanyala kumeneko. Ankalandira R8.97 pasabata. M'miyezi itatu sitalaka idayenda fakitale ndi fakitale, makamaka zansalu za Frame Group, mpaka antchito a khonsolo, anthu oposa 60,000. Kachitidwe kawo kadali kosiyana ndi ka 1920. Bwana akati sankhani atsogoleri tikambirane, khamu linkakana, n'kumayankha lonse pamodzi, kuti apolisi asowe womugwira.  Ankafuna chinthu chimodzi chomveka, ndalama yakuti pasabata, ndipo sitalaka iliyonse inkatha m'masiku ochepa njala isanalowe m'nyumba. Ambiri adalandira kenakake.

Mabungwe omwe adabadwa pambuyo pake, monga MAWU ya azitsulo ndi NUTW ya ansalu, adamanga mosiyana ndi ICU pafupifupi pachilichonse. Bungwe limodzi, mtundu umodzi wa ntchito. Chigawo chilichonse cha fakitale chimasankha shop steward, wantchito mnzawo yemwe angathe kumuchotsa akapanda kubweretsa malipoti. Salengeza bungwe kwa bwana mpaka antchito oposa theka atalembetsa mwakachetechete. Kenako amafuna pangano lolembedwa loti bwana akulivomereza bungwe, ndi loti zopereka zizidulidwa kumalipiro n'kupita kubanki ya bungwe, osadutsa m'thumba la munthu. Pangano loyamba lotere NUTW idasainirana ndi kampani ya Smith and Nephew mu 1974. Ntchitoyi inkayenda pang'onopang'ono, yosakoma kuionera, koma boma likaletsa mlembi wamkulu, mafakitale ankapitirira okha. Mu 1979 lamulo lidasintha kulola mabungwe a anthu akuda kulembetsa, ndipo COSATU, mgwirizano waukulu wa mabungwe a antchito, idakhazikitsidwa mumzinda uno mu Disembala 1985.

Lolemba, Johannesburg

Ku Newtown, pafupi ndi Mary Fitzgerald Square, kuli Workers' Museum. Ndi komboni yeniyeni yomangidwa mu 1913, momwe munkagona antchito a khonsolo pafupifupi 400. Lowani m'chipinda chimodzi muone mabedi: mashelefu a simenti ogundizana, ena pamwamba ena pansi, popanda chotchinga pakati pa munthu ndi mnzake. Pali kachipinda kotsekeramo olakwa, ndipo kuseri kwa mpanda kuli nyumba za antchito achizungu zokhala ndi makhonde. Agogo athu omwe adapita ku Joni pa Wenela ankagona motere kumigodi.

Komboni idali chida chothyolera sitalaka. Chipata chimodzi, chakudya cha bwana, zipinda zogawidwa potsata mitundu, induna wosankhidwa ndi manijala. ICU sidathe kulowamo. Bungwe la African Mine Workers' Union lidayamba mu 1941, kenako n'kutsogoleredwa ndi J. B. Marks, koma mu 1944 boma lidaletsa misonkhano ya anthu oposa 20 pamalo a migodi, choncho ankakumana usiku kuseri kwa milu ya mchenga wa mgodi. Pa 4 Ogasiti 1946, ku Newtown konkuno, nthumwi zidagwirizana zonyanyala kufuna sheleni 10 patsiku, pomwe malipiro adali sheleni ziwiri ndi makobiri ochepa. Kuyambira pa 12 Ogasiti anthu oposa 60,000 adanyanyala. Apolisi adazinga komboni iliyonse payokha, kuti ina isadziwe za inzake, n'kulowetsa anthu mumgodi ndi zibonga ndi mfuti. Sabata isanathe zidatha: osachepera 9 adafa, oposa 1,200 adavulala, malipiro osakwera, bungwe n'kufa.

Dziko lathu lidakhudza nkhaniyi mwanjira yomwe ambiri saidziwa. Kumayambiriro a zaka za m'ma 1970 Amalawi oposa 100,000 ankagwira m'migodi ya kuno. Pa 4 Epulo 1974 ndege ya Wenela idagwa ku Francistown n'kupha Amalawi 74 obwerera kumudzi, ndipo Dr Banda adaimitsa kulemba anthu. Mozambique nayo itangolandira ufulu, antchito ochokera kumeneko adachepa. Eni migodi adakakamizika kukweza malipiro kuti akope nzika za dziko lino, mtengo wa golide utakweranso. Antchito okhazikika, obwerera kumgodi womwewo chaka ndi chaka, ndiwo adamanga National Union of Mineworkers (NUM) mu 1982, Cyril Ramaphosa ali mlembi wamkulu, James Motlatsi wa ku Lesotho ali pulezidenti. Komboni idatembenuka: anthu zikwi ogona malo amodzi ndi osavuta kuwasonkhanitsa. Mu Ogasiti 1987 oposa 300,000 adanyanyala masabata atatu kufuna 30 peresenti. Sadaipeze, ndipo pafupifupi 50,000 adachotsedwa ntchito. Kusiyana kwake ndi 1946 n'kwakuti bungwe lidatsala lamoyo, ndi nthumwi zake mushafuti iliyonse, n'kumenyera kuti ambiri abwezeredwe pantchito.

Lachiwiri, Marikana

Tatenga msewu wa N4 kulowera ku Rustenburg. Kaphiri kamiyala komwe onyanyala ankasonkhana n'kakang'ono, pafupi ndi zisakasa zamalata za Nkaneng ndi nthambo zikuluzikulu zamagetsi. Pa 16 Ogasiti 2012 apolisi adapha anthu 34 pano. Tsikulo lisanafike, m'sabata imodzi yokha adali atafa kale anthu 10, kuphatikizapo apolisi awiri ndi alonda awiri a kampani.

Oyambitsa adali oboola miyala a mgodi wa platinum wa Lonmin, ogwira ntchito yolemetsa kuposa onse pansi pa nthaka, ndipo ankafuna R12,500 pamwezi. Sadadzere ku NUM. Adasankha komiti yawoyawo, mmodzi wa atsogoleri ake ali Mgcineni Noki, yemwe adafera pomwepa. Ankaona kuti bungwe latalikirana nawo: nthumwi zambiri zidali zochokera kuntchito za pamtunda, zina zolipidwa ngati maofesala osatsikanso mumgodi. Kampani idakana kukambirana nawo ponena kuti pali kale pangano ndi bungwe lovomerezeka. Njira yomwe idamangidwa movutikira kuyambira 1973 idasanduka khoma pakati pa bwana ndi wantchito. Sitalaka idatha pa 18 Seputembala, malipiro atakwera ndi 11 mpaka 22 peresenti, ndipo antchito ambiri a platinum adasamukira ku bungwe lina la antchito a m'migodi, AMCU.

Kwa abale athu omwe mukugwira ntchito m'dziko lino, malamulo a lero ali motere. Pansi pa Labour Relations Act ya 1995, sitalaka imakhala yotetezedwa mukatsata ndondomeko: mkangano upite kaye ku CCMA, bungwe loyanjanitsa mabwana ndi antchito, kapena ku khonsolo yokambirana ya ntchito yanuyo, mudikire chikalata chonena kuti zakanika, kapena padutse masiku 30, kenako mupereke chidziwitso cholembedwa kwa bwana maola 48 sitalaka isanayambe, kapena masiku 7 ngati bwanayo ndi boma. Mukatero sangakuchotseni chifukwa chonyanyala, koma masiku amenewo salipira, choncho kambiranani za chakudya ndi lendi musanayambe. Mukadumpha sitepe imodzi, bwana amakatenga chiletso kukhoti ndipo akhoza kukuchotsani. Wochotsedwa ntchito mopanda chilungamo ali ndi masiku 30 okha oti akadandaule ku CCMA pa fomu ya 7.11, ndipo salipira kanthu. Sungani mapepala a malipiro, mauthenga a pafoni ochokera kwa bwana ndi masiku omwe mudagwira, chifukwa milandu yambiri imagwa posowa umboni woti munthu adalidi pantchito. Mu 2008 khoti la zantchito, pamlandu wa Discovery Health, lidagamula kuti mlendo yemwe chilolezo chake chogwirira ntchito chidatha ndi wantchitobe pamaso pa lamuloli, ndipo CCMA iyenera kumva dandaulo lake.